Tisaiwale a Desmond Llewelyn, Q wa m'mafilimu a James Bond

A Mkonzi,

Nkhani ya mafilimu a James Bond ikabuka, mayina amene amamveka ndi a Sean Connery, Roger Moore, Pierce Brosnan ndi Daniel Craig, ndipo mkangano umathera pa funso lakuti ndani mwa iwo anaposa anzake. Ndikupempha danga m'nyuzipepala yanu kuti ndikumbutse owerenga anzanga za munthu amene anaoneka m'mafilimu a Bond ambiri kuposa aliyense wa akatswiriwa, a Desmond Llewelyn, mkulu wa imvi uja amene ankasewera ngati Q, wopanga zipangizo zachinsinsi za akazitape. Iwo anasewera gawo limeneli m'mafilimu 17, kuyambira 1963 mpaka 1999, ndipo pa zaka 36 zimenezo anagwira ntchito ndi amuna asanu osiyanasiyana amene ankasinthana pa gawo la Bond.

A Llewelyn anabadwira ku Newport m'dziko la Wales m'chaka cha 1914, ndipo luso la zisudzo anakaliphunzira ku Royal Academy of Dramatic Art mumzinda wa London. Ntchito yawo itangoyamba kumene, nkhondo yachiwiri ya padziko lonse inaulika, iwo n'kulowa usilikali m'gulu la Royal Welch Fusiliers. M'chaka cha 1940 anagwidwa ndi asilikali a Germany ku France, ndipo anakhala mkaidi wa nkhondo kwa zaka zisanu. Pobwerera kwawo anali atapitirira zaka 30, ndipo zimene ankapeza zinali timagawo ting'onoting'ono, tina toti ngakhale dzina lawo silinkalembedwa kumapeto kwa filimu.

Kagawo kena kotere ndi kamene kanawatsegulira njira. M'chaka cha 1950 anasewera ngati msilikali wa ku Wales mufilimu ya nkhondo ya They Were Not Divided, imene anaitsogolera a Terence Young. Patapita zaka 13, a Young akukonza filimu ya Bond ya From Russia with Love, kunasoweka munthu wosewera ngati mkulu woyang'anira zida, amene anadzadziwika kuti Q, chifukwa a Peter Burton, amene anasewera gawolo mu Dr. No, filimu yoyamba ya Bond, sanapezeke, ndipo mwayi unagwera a Llewelyn, omwe nthawiyo anali akuyandikira zaka 50. Ntchito yawo mufilimuyo inali yochepa kwambiri: kulowa mu ofesi, kuika chikwama patebulo, n'kusonyeza Bond pamene pabisika mpeni, ndalama zagolide ndi kachitini ka utsi wokhetsa misozi kamene kamaphulikira aliyense wotsegula chikwamacho molakwika.

Chimene ine ndimachiona kuti ndi luso lenileni chinayamba chaka chotsatira, mu Goldfinger. A Llewelyn ankafotokoza okha kuti poyeserera ankaimirira mwaulemu Bond akalowa, koma wotsogolera filimuyo, a Guy Hamilton, anawaletsa powauza kuti Q alibe chifukwa cholemekezera munthu amene amangowononga zinthu zimene iye wavutikira kwa miyezi. Kuchokera pamenepo Q anasanduka mkulu wosachedwa kunyansidwa, wolankhula ngati mphunzitsi amene watopa ndi mwana wanzeru koma wosamva. Taonani mmene amaonetsera galimoto ya Aston Martin DB5: amatsegula kachivundikiro ka pamutu pa giya, n'kuloza kabatani kofiira koponya kunja mpando wa wokwera nawo, nkhope ili gwa, ndipo Bond akamayesa kuti ndi nthabwala, iye sasekerera n'pang'ono pomwe. Omvera amaseka chifukwa choti mkuluyo sakuseka. Amene anayeserapo kuchita sewero akudziwa kuti zimenezi n'zovuta kuposa kukuwa kapena kudzigwetsa pansi.

Chodabwitsa n'chakuti mwini wakeyo ankavomera poyera kuti za makina sankazidziwa, moti mawu ovuta a zaumisiri ankangowaloweza. Ine sindiona chochititsa manyazi pamenepa, pakuti ntchito ya wazisudzo ndi yochititsa woonera kukhulupirira, ndipo pa anthu miyandamiyanda amene anaonera mafilimuwa, kuphatikizapo ife amene tinawaonera m'tinyumba toonetsera vidiyo, ndi ochepa amene anakayikirapo kuti mkuluyu amadziwa waya uliwonse wa zipangizo zake.

Komabe kutchuka kotereku kuli ndi mtengo wake. A Llewelyn anaseweranso mufilimu ya ana ya Chitty Chitty Bang Bang m'chaka cha 1968, ndiponso anali Colonel m'sewero la pa wailesi ya kanema la Follyfoot kuyambira 1971 mpaka 1973, koma kunja kwa Britain ndi anthu owerengeka amene amakumbukira zimenezi. Nkhope yawo inamatirira pa Q, ndipo m'mafilimu ambiri a Bond ankaoneka kwa mphindi zochepa chabe. Anachita kufika zaka 74 kuti apatsidwe gawo lotambasuka, mu Licence to Kill ya 1989, mmene Q amatsatira Bond kudziko lachilendo n'kumamuthandiza atadzisintha maonekedwe. Kwa ine filimu imeneyi ndi umboni wakuti eni mafilimu anachedwa kuzindikira munthu amene anali naye.

Filimu yawo yomaliza inali The World Is Not Enough, imene inatuluka mu November 1999, ndipo mmenemo Q amaonetsa Bond munthu amene akumuphunzitsa kuti adzalowe m'malo mwake, gawo limene anasewera a John Cleese. Pa 19 December chaka chomwecho, a Llewelyn anamwalira pa ngozi ya galimoto ku East Sussex ali ndi zaka 85, akuchokera kosayina mabuku ofotokoza za moyo wawo. A Cleese anakhala Q mufilimu imodzi yokha, ya 2002, ndipo mafilimu awiri otsatira, a 2006 ndi 2008, anatuluka opanda Q. Pamene gawoli linabwerera m'chaka cha 2012, eni mafilimu sanafunenso mkulu wa imvi wina, koma anapatsa a Ben Whishaw, wachinyamata amene Q wake amadalira kompyuta kuposa zikwama zophulika.

Ndine wowerenga wanu,
wa ku Zomba