Chisoni cha Marina si choseketsa

Akonzi,

Ndiloleni nditsutse maganizo amene ndimawamva kawirikawiri, akuti mafilimu akale opanda mawu ndi nthabwala chabe ndipo osewera ake ankangokokomeza zinthu. Umboni wanga ndi Malombra, filimu ya ku Italy ya mu 1917, imene Carmine Gallone anaikonza potengera buku la Antonio Fogazzaro la mu 1881.

Mmenemo Lyda Borelli ndiye Marina, mtsikana wamasiye amene akusungidwa ndi amalume ake, Cesare, m'chinyumba cha m'mphepete mwa nyanja. Tsiku lina akupeza kalata yobisika ya Cecilia, mayi wa m'banja lomwelo amene anamwalira kalekale atatsekeredwa m'nyumba ndi mwamuna wake chifukwa cha nsanje. Kuyambira pamenepo Marina akukhulupirira kuti iyeyo ndi Cecilia wobadwanso, ndipo mlandu wa womwalirayo akuusenza ngati wake, mpaka kufulumizitsa imfa ya amalume ake ndi kupha Corrado Silla, mnyamata amene ankamukonda.

Ena amati ndi misala basi. Ine ndikuona mwana amene analibe womupepesa maliro a makolo ake, amene atapeza chisoni cha munthu wina cholembedwa papepala anachikumbatira, chifukwa chake chomwe chinalibe pochitulira. Nanga wosewera wopanda mawu angaonetse bwanji anthu awiri m'thupi limodzi? Borelli ankagwiritsa ntchito khosi, manja, maso ndi tsitsi lomasula, ndipo mayendedwe omwewo amene lero tikuwaseka anakopa akazi a ku Italy kotero kuti kumutsanzira kunapatsidwa dzina lakuti borellismo.

Tikumbukirenso amene ankakhala m'nyumba zoonetsera mafilimuzo. Italy inalowa nkhondo yoyamba ya padziko lonse mu Meyi 1915, ndipo mu Okutobala 1917 asilikali ake anagonja koopsa ku Caporetto. Mwezi wotsatira, Nino Oxilia, amene anatsogolera Borelli mu filimu ina yotchedwa Rapsodia satanica, anafera kunkhondo komweko. Sindikukayika kuti pakati pa oonerawo panali amayi ofedwa amene sanaike n'komwe mitembo ya ana ndi amuna awo, ndipo kwa iwo mkazi wolankhulana ndi akufa sanali wachilendo.

Borelli anasiya kusewera mu 1918 atakwatiwa ndi Vittorio Cini, atangotha zaka zisanu pakanema. Pempho langa, akonzi, ndi lakuti tsamba lanu la zaluso lilembeko za iye, ndipo wolembayo ayambe waonera Malombra yonse asanaweruze.

Ine wanu,
Wowerenga wa ku Zomba