Kwa mdzukulu wanga: za Mary Pickford, mtsikana wa tsitsi lopotana

Mdzukulu wanga wokondedwa,

Ndikhulupirira uli bwino pamodzi ndi amayi ako. Ine kuno ndadzuka bwino. Ndamva kuti ukufunsa ngati n'zoona kuti kale mafilimu sankalankhula. N'zoona ndithu. Anthu ankaoneka akutsegula pakamwa koma mawu osamveka. Apo ndi apo pakanema pankabwera mawu olembedwa, ndipo munthu wina ankakhala kutsogolo akuimba piyano. Wosewera ankafotokoza zonse ndi nkhope, maso ndi manja. Pa ntchito imeneyi panali katswiri wina dzina lake Mary Pickford.

Iyeyu anabadwira ku Toronto, m'dziko la Canada, pa 8 Epulo 1892, ndipo makolo ake anamutcha Gladys Smith. Bambo ake anamwalira asanakwanitse zaka 6. Panyumba panavuta, moti ali ndi zaka 7 zokha anayamba kuchita zisudzo kuti athandize amayi ake kudyetsa iye, mng'ono wake Lottie ndi mlongo wake Jack. Ankayenda pa sitima, lero tawuni iyi mawa ina, kusukulu osapitako kwenikweni. Zimenezi zimandimvetsa chisoni, chifukwa mwana wa msinkhu umenewo amayenera kumasewera ndi anzake.

Dzina loti Mary Pickford analandira mu 1907 ku New York. Mu 1909 analowa m'mafilimu pakampani ya Biograph, akulandira madola 10 patsiku. Nthawi imeneyo mayina a osewera sankalembedwa pafilimu, ndiye anthu ankangomutchula kuti mtsikana wa tsitsi lopotana.

Anali wamfupi, mita imodzi ndi theka basi. Atakula ankasewerabe ngati kamwana. Mufilimu ina ya mu 1917, ali ndi zaka 24, anasewera ngati mtsikana wa zaka 11. Ukudziwa zomwe anachita? Anamupangira mipando ndi matebulo akuluakulu kuti iye azioneka wamng'ono!

Koma chimene ndimamukondera kwambiri n'chakuti sankalola kudyeredwa masuku pamutu. Ankadziwa kuti anthu amadzaza nyumba za kanema chifukwa cha iyeyo, choncho ankakambirana yekha za malipiro ake mosaopa mabwana. Pofika 1916 ankalandira madola 10,000 pasabata. Mu 1919 iye ndi anzake atatu a m'mafilimu, Charlie Chaplin, Douglas Fairbanks ndi D. W. Griffith, anayambitsa kampani yawoyawo, United Artists, kuti mafilimu awo akhale m'manja mwawo. Pa anayiwo mkazi anali yekhayo, ndipo nthawi imeneyo amayi ambiri a ku America anali asanaloledwe n'kuvota komwe. Mu 1921 anathandizanso kukhazikitsa thumba lothandizira anzake a m'mafilimu amene agwa m'mavuto.

Amayi ake atamwalira mu 1928, anadula tsitsi lake lija, ndipo nyuzipepala zinalemba nkhaniyo patsamba loyamba. Mafilimu olankhula atabwera, anapata mphoto ya Oscar ndi filimu yake ya mu 1929, koma anthu ankafunabe kamtsikana kaja. Anasiya kusewera mu 1933, ndipo anamwalira mu 1979 ku California ali ndi zaka 87.

Mafilimu ake ena akadalipo pa intaneti. Upemphe amayi ako akuonetseko imodzi pafoni, kenaka udzandilembere ngati nkhaniyo unaimvetsa popanda mawu. Upereke moni kwa onse kunyumbako.

Ndine agogo ako okukonda.