Chilengezo: Tidzakumbukire amene anamira ndi sitima ya Mendi

Mamembala nonse, pa 21 February tidzakumana pa Zoom 7 koloko madzulo kukambirana za sitima ya SS Mendi.

Tsiku ngati lomweli mu 1917, m'bandakucha kuli chifunga chadzaoneni, sitima ya Darro inagunda Mendi pafupi ndi chilumba cha Isle of Wight ku England. Pasanathe theka la ola, Mendi inali itamira. Anthu oposa 600 anafa, ambiri mwa iwo amuna akuda a ku South Africa amene ankapita ku France kukagwira ntchito zothandiza pa nkhondo yoyamba ya dziko lonse. Madzi anali ozizira koopsa. Chimene chimandiwawa mumtima n'chakuti a mu Darro sanatsitse boti ngakhale limodzi kuti awavuule.

Mayina a amene anamirawo analembedwa pa chipilala cha Hollybrook ku Southampton, ndipo tidzawerengako ena mokweza. Chonde musadzachedwe.