Kalata kwa Tadala, mkazi mnzanga

Tadala mkazi mnzanga,

Uli bwanji ku Ndirandeko? Ine kuno ku Ngabu ndili bwino, bondo lokha ndilo likundikaniza kupita kudimba. Amalume ako anandionetsa pa foni chithunzi cha tsiku lako lobadwa, utavala chisoti chachifumu chapepala chonyezimira. Zaka 7! Ndiye akuti ukukana kutsuka mbale chifukwa ndiwe mwana wa mfumu? Ndinaseka mpaka kutsamwa.

Tamva za mfumukazi imene ndaiona ine ndi maso angawa. Mvula yoyamba inagwa Lachiwiri, titapsa ndi dzuwa mwezi wathunthu, tikugona panja pamkeka. Madzulo ake ngumbi zinatuluka pachulu chija cha kuseri kwa khola, mbuu! Tinatola beseni lodzaza. Koma chiswe cha pachulu chomwecho ndicho chatidyera nkhokwe ya mapira, ndiye amalume ako anapsa mtima n'kutenga khasu. Anakumba tsiku lonse, thukuta kamukamu, mpaka anatulutsa chibuma cholimba ngati njerwa yootcha. Atachiswa, m'katimo munali manthu wa chiswe. Woyera, wonona, wautali ngati chala changa chapakati, kamutu kokha kakang'onong'ono. Kuyenda satha. Khomo la kanyumba kake ndi laling'ono moti iye sangatulukirepo. Ana ake ndiwo amalowa kudzamudyetsa n'kunyamula mazira, poti ntchito yake ndi kuikira basi, usana ndi usiku. Pambali pake panali mwamuna wake, kanthu kochepa, kosaoneka n'komwe kuti ndi mfumu. Ndinamumvera chisoni mayiyo. Ndikali chiwerame kumuyang'ana, nkhuku yako yamawangamawanga ija inangoti psiti! yatola, liwiro kumka kumsawu. Amalume ako anaithamangitsa, anagwa okha.

Ukudziwa kuti kwathu kuno mafumu aakulu ankachokera kwa mayi? Kale ku Mankhamba, kufupi ndi nyanja, kunkakhala Kalonga, mfumu ya Amaravi. Mayi wa ufumuwo ankatchedwa Nyangu, wa mfunda wa Aphiri. Kalonga akamwalira, mwana wake sankalowa ufumu ayi, ankalowa mwana wa mlongo wake, wa bere la Nyangu. A Lundu athuwa, mfumu yaikulu ya Amang'anja kuno ku Chikwawa, nawonso ndi Aphiri. Nyangu sankavala chisoti chonyezimira. Komatu popanda iye mpando ukanakhala wopanda munthu.

Ndiye pali Salima. Osati boma la Salima limene mumaphunzira kusukulu, iai. Ili ndi dzina la mkazi wa Mbona, mzimu wobweretsa mvula, kunkhalango ya Khulubvi ku Nsanje, kumene akuluakulu amakapempha mvula atavala nsalu zakuda, opanda nsapato. Agogo anga ankatiuza kuti Mbona ankamuyendera usiku ngati nsato, n'kumuuza zoti anthu amve. Mafumu ankamulemekeza, chakudya ankamupatsa, koma sankangoyendayenda monga ife, ndipo mwamuna wina sankaloledwa kumukwatira. Pamene ndinaona manthu uja m'kanyumba kake, ndinakumbuka Salima. Iwe ungathe kukhala phee m'nyumba, anzako akusewera fulaye panja? Iwe amene sukhazikika ngakhale pomangidwa tsitsi?

Yachisoti chenicheni inali Elizabeth wa ku Mangalande. Anabwera kuno ku Malawi mu 1979, ine ndili mtsikana, tinangomva pawailesi ya abambo. Analamulira zaka 70, n'kumwalira mu 2022 iwe uli kamwana. Chisoti chakecho amati chinali cholemera, chopweteketsa khosi.

Nanga mano akutsogolo aja amera? Ukugona m'neti? Uwauze amayi ako asatope kukufunditsa, udzudzu wa nyengo ino ndi woipa. Ndipo mvula ikagwa usamasewere m'ngalande, wamva? Chiyambire madzi a Freddy aja mu 2023, ine mtima sukhala m'malo, kukangochita bingu ndimayamba kuwerenga adzukulu mmodzimmodzi.

Ndakusungira ngumbi zokazinga m'chitini ndi malambe asanu, amalume ako abwera nazo Loweruka. Nkhuku yako yayamba kuikira, mazira anayi tsopano, kaya ndi mphamvu ya manthu uja. Ukabwera pa Khirisimasi utenge chisoticho, ndidzachiyeze nanenso. Mbalezo uzitsuka.

Ndine agogo ako,
Nagama