Usadikire "tikuitanani"

Mwana wanga,

Mayi ako andiuza kuti kontirakiti yako ya ku ofesi ya boma yatha ndipo sanakuwonjezere. Pafoni dzulo unkangoti "zili bwino, bambo", koma mawu ako ndimawadziwa. Ndaona kuti ndilembe, poti pafoni timangothamangitsana ndi mayunitsi.

Ndiyambe ndi chowawa. Kontirakiti ya nthawi yoikika ikafika tsiku lake imatha yokha, ndipo zimenezo pazokha si kuchotsedwa ntchito. Ukakangonena kuti "andichotsa", akutulutsira pepala lomwe unasainira wekha.

Koma nkhani yako siithera pamenepo. Wakhala pa desiki imodzimodziyo zaka zinayi, chaka chilichonse kusainira pepala latsopano, ntchito yake yomweyo yolowetsa zinthu mu kompyuta. Ntchitoyo siinathe, mayi ako akuti pampando pako pakhala kale munthu wina. Lamulo la ntchito la Employment Act la 2000, pa gawo 28, limati ngati kontirakiti ya nthawi yoikika ikugwiritsidwa ntchito podzaza malo a ntchito yokhazikika ya tsiku ndi tsiku, itengedwe ngati yopanda malire a nthawi. Zikatero, gawo 57 limafuna kuti pakhale chifukwa chomveka chokuchotsera, ndipo ngati akuti unalakwa kapena sumaitha ntchito, ayambe akumva mbali yako. Wina asakunamize kuti lamuloli ndi la m'makampani mokha. Limamanganso boma, kupatula asilikali, apolisi ndi oyang'anira ndende. Sindikuti wapambana kale, oweruza ndiwo amaona. Ndikuti uli ndi poyambira.

Ine ndinalibe wondiuza izi. Pa nthawi yanga, bwana anandigwira paphewa pakhonde la ofesi n'kunena kuti, "Pitani mukapume, ndalama zikabwera tikuitanani." Ndinapita kukapumadi. Ndinalima chimanga, ndinakolola, ndinagulitsa njinga kuti ulipire fizi ya Fomu 2. Pomwe ndinkabwerera kukafunsa, bwanayo anali atasamutsidwa, ndipo fayilo yanga inali itamera miyendo. Fodya wako ndi amene ali pamphuno, mwana wanga. Lonjezo la pakhonde sililowa m'khoti.

Ndiye sabata ino sonkhanitsa makontirakiti onse anayi, mapepala a malipiro, kalata yomalizayi, ngakhale mauthenga a pa WhatsApp amene anakuuza kuti akuwonjezera. Uchititse fotokope, enieniwo usasiye m'manja mwa munthu. Ulembe kalata yaulemu yopempha zifukwa, ndipo akudindire chidindo pa kope lako. Gawo 43 la malamulo aakulu a dziko lino limakupatsa ufulu wolandira zifukwa zolembedwa ofesi ya boma ikapanga chiganizo chokhudza ufulu wako. Ukapemphe mosagwada, komanso mosatukwana (ndikukudziwa ukapsa mtima, unatengera agogo ako aakazi).

Tsiku ndilo likundidetsa nkhawa. Dandaulo la kuchotsedwa mopanda chilungamo limayenera kukafika kwa mkulu wa ku Leba pa boma pasanathe miyezi itatu kuchokera tsiku lochotsedwa. Ku Leba zikakanika, nkhani imapita ku Industrial Relations Court, khoti lomva milandu ya za ntchito, ndipo kumeneko munthu amatha kudziyankhulira yekha popanda loya. Kulinso ofesi ya Ombudsman yomwe imamva madandaulo a anthu olakwiridwa ndi maofesi a boma, ndi Legal Aid Bureau ya ife osakwanitsa kulipira loya.

Ngakhale atanena kuti kontirakiti inatha bwinobwino, pali zako zosakanika. Malipiro omaliza, masiku a tchuthi amene sunapume, ndi kalata yosonyeza kuti unagwira ntchito kuyambira liti mpaka liti. Ngati mu kontirakiti munalembedwa gratuity, ndalama yothokozera imene amapereka kontirakiti ikatha, akupatse. Ngati ankakudula 5 peresenti ya penshoni, kafunse ngati iwo ankaikapo 10 yawo ndipo ndalamazo zili kuti. Pepala lililonse lakuti "ndalandira zanga zonse" usasainire usanawerengetse wekha ndi pensulo.

Ukuopa kuti ukadandaula sadzakulembanso ntchito m'boma. Manthawo sindikuwapeputsa, ndipo chisankho ndi chako, ndiwe munthu wamkulu. Koma usankhe mapepala ali m'manja, miyezi itatu isanathe.

Za lendi usabise. Tagulitsa mtedza matumba awiri, mayi ako akutumizira kangachepe Lachisanu. Akuti ubwere ndi ana kumapeto a mwezi, mango ayamba kupsa kuseri kwa khola.

Ndine bambo ako.