Mabuku a zachuma asamalambalale kukwera mitengo

Akonzi,

Ndiloleni ndidandaule za mabuku ophunzitsa kasungidwe ka ndalama omwe achuluka masiku ano. Ambiri amatamanda chiwongoladzanja chobereka chinzake. Amati mukagawa 72 ndi chiwongoladzanja cha pachaka, mumadziwa zaka zomwe ndalama zanu zidzachulukire kawiri: pa 8 peresenti, ndi zaka pafupifupi 9. Zoona ndithu. Nanga katundu akamakwera mtengo ndi 12 peresenti pachaka? Ndalama zija zimangochuluka papepala pomwe mphamvu yake ikuchepa, banki nayo n'kudulapo zake. Izi olemba ena amangozilambalala, n'kumatangwanika ndi mbiri za anthu olemera.

Chonde, mukamaunika mabuku otere m'nyuzipepala yanu, muzitiuza ngati wolembayo wafotokozapo za kukwera mitengo ndi misonkho.

Ine wowerenga wanu