Tizitchulanso Opeka Nyimbo za M'mafilimu

Akonzi,

Ndikupempha kampata m'nyuzipepala yanu kuti ndidandaule pa chizolowezi chathu chotamanda osewera ndi otsogolera mafilimu n'kusiya osamutchula amene wapeka nyimbo zake. Pempho langa n'lakuti atolankhani akamalemba za filimu, yakunja kapena yakwathu kuno, azitiuzanso dzina la munthu ameneyu, ndipo chifukwa chake chikuonekera bwino pa moyo wa Ennio Morricone, wopeka nyimbo wa ku Italy, amene anabadwira ku Rome mu 1928 n'kumwalirira komweko mu 2020.

Aliyense amene anaonerapo mafilimu a akauboyi a Sergio Leone amaukumbukira mluzu uja womveka mfuti zisanalire, koma ndi ochepa amene amadziwa mwini nzeruzo. Morricone anali mwana wa woimba lipenga, ndipo anasulidwa pa sukulu ya nyimbo ya Santa Cecilia m'manja mwa mphunzitsi wake Goffredo Petrassi. Mu 1964 Leone, amene anali naye m'kalasi imodzi ali ana, anamupatsa ntchito pa filimu ya A Fistful of Dollars, yomwe ndalama zake zinali zochepa kwambiri moti gulu lalikulu la oimba linali losatheka kulidalira. Morricone anatenga mluzu wa Alessandro Alessandroni, kulira kwa chikwapu, belu, gitala yamagetsi ndi mawu a amuna oimbira pamodzi, n'kuumba nyimbo imene makutu a anthu anali asanaimvepo m'kanema. Opanga mafilimu athu, amene amalira kuchepa kwa ndalama tsiku ndi tsiku, ayenera kuiganizira mofatsa nkhani imeneyi.

Chimene chimandigwira mtima kwambiri ndi zimene zinachitika pa filimu ina ya Leone, Once Upon a Time in the West, mu 1968. Nyimbo zinapekedwa filimu isanajambulidwe, ndipo Leone ankaziliza pamalo ojambulira kuti osewera aziyenda ndi kuyang'anana motsatira kayendedwe kake. Munthu aliyense wamkulu m'nkhaniyo anali ndi nyimbo yakeyake, moti mawu a woimba Edda Dell'Orso, oimbidwa popanda liwu limodzi lomwe, amatiuza zamumtima mwa mayi wamasiye wa m'filimuyo iye asanatsegule pakamwa. Zonsezi Morricone ankazilemba ndi dzanja atakhala patebulo, akuzimva m'mutu mokha.

Anapeka nyimbo za mafilimu ndi masewero a pa wailesi yakanema oposa 400, kuphatikizapo La Piovra, sewero la pa wailesi yakanema ya ku Italy, koma sanasamukire ku Hollywood. Ine ndimakhulupirirabe kuti anamulakwira pomumana mphotho ya Oscar pa The Mission ya mu 1986, ndipo yopambana pampikisano anailandira mochedwa, mu 2016, ali ndi zaka 87. Pomupatsa Oscar yaulemu mu 2007, anayankhula m'Chitaliyana, wosewera mafilimu Clint Eastwood akumasulira, ndipo mphothoyo anaipereka kwa mkazi wake Maria.

Ine wanu,
Wowerenga wa ku Zomba